Kodi a ku Phrygia ankapembedza phiri, kapena mayi wokhala m'phirimo?

Mkulu_wa_mpingo_Chitakale

Moni nonse. Lachitatu lililonse madzulo timakumana pa mlaga wathu kuwerenga Machitidwe a Atumwi, ndipo sabata ino tinafika pa mutu 16 ndime 6, pomwe Paulo ndi anzake akudutsa m'dziko la Phrygia ndi Galatia. Dzina lomweli lilinso pa 2:10 ndi pa 18:23. Mayi wina wa mvano anandifunsa kuti kodi anthu amenewo, Uthenga usanawafike, ankapembedza chiyani. Ndinalonjeza kuti yankho ndibwera nalo sabata yamawa.

Mwana wanga wandisakira pa foni, koma m'malo mondithandiza wandisokoneza. Tapeza chithunzi cha thanthwe lalitali lomwe analisema kukhala ngati kumaso kwa nyumba, denga lake losongoka, pansi pake pali khomo losalowa kulikonse. Ena alemba kuti ndi manda a mfumu Midas, ija ankati chilichonse yakhudza chimasanduka golide. Ena akuti ayi, ndi kachisi wa mulungu wamkazi Cybele, yemwe ankayenda pa ngolo yokokedwa ndi mikango, ndipo ansembe ake ankadzifula okha. Winanso walemba kuti anthuwo ankangopembedza mapiri basi.

Tsono ndigwire ziti? Funso lina ndi langalanga: ife tinakulira pansi pa phiri la Mulanje, tikumva za mizimu ya ku Sapitwa ndi za Dziwe la Nkhalamba. Kodi ndikawauza anzanga kuti a ku Phrygia ankachita zofanana ndi makolo athu kuno, ndikhala ndikunama? Sindifuna kukaima pamaso pa anthu ndi nkhani ya m'maluwa.

Aphunzitsi_opuma_Luchenza

Bambo mkulu wa mpingo, mwafunsa bwino. Ine ndinaphunzitsa History ku sekondale mpaka kupuma, ndipo Phrygia sinali pa silabasi, koma ndi nkhani yomwe ndakhala ndikuiwerenga mwa chidwi changa chabe. Khalani pansi, ndilankhula motalikirapo.

Phrygia inali pakati pa dziko lomwe lero ndi Turkey, cha kumadzulo. Likulu lake linali Gordion, m'mbali mwa mtsinje wa Sakarya, kummwera chakumadzulo kwa Ankara. Ufumu wawo unali pa mphamvu m'zaka za m'ma 800 ndi 700 BC. Midas anali munthu weniweni: zolemba za mfumu Sargon II ya ku Assyria zimatchula "Mita wa ku Mushki", ndipo akatswiri ambiri amavomereza kuti ndi yemweyo. Za golide zija ndi nthano ya Agiriki.

Thanthwe mwaliwonalo lili pamalo otchedwa Yazılıkaya, m'chigawo cha Eskişehir, ndipo ndi lalitali pafupifupi mamita 17. Mzungu wina wa ku Britain, William Martin Leake, analiona m'chaka cha 1800, nawerenga dzina la Midas pa mawu olembedwa pamwamba pake. Apa ndi pomwe panachokera zoti ndi manda. Koma kuseri kwa khomolo kulibe chipinda choikamo mtembo. Ndi phanga laling'ono chabe, momwe munkaimikidwa fano la mulungu wawo wamkazi. Mawuwo akunena kuti munthu wina dzina lake Ates anapereka ntchitoyi kwa Midas, ndipo akumutchula ndi mayina aulemu a utsogoleri. Chaka chomwe linasemedwa mpaka lero akukangana: ena amati m'masiku a Midas mwini wake, ena, monga Susanne Berndt-Ersöz yemwe anasanthula akachisi a m'matanthwewa mmodzimmodzi, amati m'zaka za m'ma 500 BC, a ku Lydia, ufumu woyandikana nawo, atayamba kale kulamula derali.

Tsono pa za mulunguyo ndi pomwe ndikufuna mumvetsetse, chifukwa zomwe zimayenda pa intaneti zimaphatikiza anthu a mitundu itatu m'mphika umodzi. A ku Phrygia eni ake ankangomutchula kuti Matar, kutanthauza Mayi. Pa zolemba zowerengeka pali Matar Kubileya, ndipo mawu achiwiriwo akatswiri ambiri amati akukhudza phiri. Agiriki ndiwo anatenga mawu amenewa n'kupanga dzina loti Kybele, Aroma n'kudzalandira kwa Agiriki. Mukaona chithunzi cha mayi atakhala pa mpando, mkango pa miyendo, kang'oma m'manja, dziwani kuti mukuona luso la Agiriki. Wa ku Phrygia nthawi zambiri amakhala chiimire, wayang'ana kutsogolo, wavala mkanjo wautali ndi chisoti chachitali chokhala ndi nsalu yotsikira kumsana, ndipo waima pakhomo. M'dzanja lina wagwira chikho kapena mbale, m'dzanja lina mbalame yolusa, ya mtundu wa kabawi. Miyala yotere yapezeka ku Ankara ndi ku Gordion. Ku Boğazköy anapeza fano lake litaima pa chipata cha mudzi, pambali pake pali anyamata awiri aang'ono, wina akuimba chitoliro wina zeze. Mikango ilipo ndithu, monga pa thanthwe la Arslankaya pomwe iwiri yaimirira m'mbali mwake, koma si chizindikiro chake cha tsiku ndi tsiku. Lynn Roller, mayi wa ku America yemwe anatulutsa buku lonse la nkhaniyi m'chaka cha 1999, anaona chinthu china chomwe ine chinandidabwitsa: akumutcha Mayi, koma pa zosema za ku Phrygia samuonetsa atanyamula mwana.

Kupatula makomo akuluakuluwo, m'mapiri mwawo muli timakwerero tosemedwa pa thanthwe, masitepe owerengeka okwera n'kukathera pa kampando kapena pa fano lopanda nkhope, mutu wozungulira ndi thupi la ngodya zinayi basi. Ambiri ayang'ana kotulukira dzuwa. Emilie Haspels, mayi wa ku Netherlands, anayenda m'mapiri amenewa zaka zambiri akujambula ndi kuyeza, ndipo ntchito yake inatuluka mu 1971. Iyeyo ndiye maziko a ambiri omwe analemba pambuyo pake.

Manda enieni a mafumu ali ku Gordion, ndipo ndi zitunda za dothi lounjika. Abale awiri a ku Germany, Gustav ndi Alfred Körte, anayamba kufukula mu 1900, kenako Rodney Young wa ku University of Pennsylvania anayambiranso mu 1950. Mu 1957 Young anaboola chitunda chachikulu kuposa zonse, chotalika mamita 53, napeza chipinda cha matabwa chili chilili. Munali mtembo wa bambo wa zaka zopitirira 60, m'bokosi la thunthu la mkungudza wa kumeneko (si mtundu umodzi ndi wathu wa pa Mulanje) lomwe analisema ngati bwato. Munalinso mipando ndi matebulo okongoletsedwa bwino, ndi ziwiya zamkuwa zambirimbiri. Anthu anathamangira kunena kuti ndi Midas. Koma atawerenga mizere ya m'kati mwa mitengo yomangira, anapeza kuti inadulidwa cha m'ma 740 BC, pomwe Midas anali adakali moyo zaka makumi atatu pambuyo pake, akulimbana ndi Sargon. Tsono ambiri lero amati ndi bambo ake. Zotsalira za m'miphika zitapimidwa ndi Patrick McGovern, zinaonetsa chakudya cha pamaliropo: nyama ya nkhosa kapena mbuzi yophika ndi mphodza, ndi chakumwa chosakaniza vinyo, mowa wa balere ndi uchi. Adzukulu a kumeneko sankagona ndi njala.

Chomwe ndikufuna mukatenge ku mlaga n'chakuti a ku Phrygia sanatisiyire buku la chipembedzo chawo. Palibe pemphero lalitali, palibe nthano ya Matar yolembedwa ndi iwo eni. Zolemba zawo zakale ndi zazifupi, ndipo chinenerocho, ngakhale chili pachibale ndi Chigiriki, akatswiri amachimva mwa apo ndi apo. Tili ndi miyala, ziwiya ndi malo. Nkhani zokoma kuzimva zonse zinalembedwa ndi alendo, patapita zaka mazana. Kodi ankapembedza phiri? Ine ndingati ankapembedza wina yemwe nyumba yake ndi phiri, n'chifukwa chake anam'semera khomo. Koma dziwani kuti pamenepa ndikuwerenga mwala, ndipo mwala suyankha ukaufunsa kachiwiri.

Wolondolera_alendo_Likhubula

Aphunzitsi zikomo, ndaphunzira zambiri. Ine za Turkey ndilibe nazo mawu, koma funso lachiwiri la abambo aku Chitakale likundikhudza chifukwa phiri ili ndi lomwe limandidyetsa.

Abambo, ndikupempheni musakanene kuti n'zofanana. Kuno palibe fano. Pa Dziwe la Nkhalamba simupeza chosema chilichonse, ndi madzi ndi miyala yomwe Mulungu anaika. Akuluakulu athu ankathira nsembe ya ufa ndi mowa popempha mvula, ndipo amene ankawapempha ndi mizimu ya makolo, anthu omwe anakhalapo ndi moyo, osati mulungu wamkazi wokhala ndi nkhope yake. Malamulo a m'phiri ndinawamva kwa agogo anga: ukapeza chakudya chokonzedwa kale m'njira, idya wekha osaitana mnzako, ndipo usatengeko kupita nacho kunyumba. Zimenezi zili m'kamwa mwa anthu, pa thanthwe palibe.

Ndiye taganizani. A ku Phrygia anasiya miyala, mawu awo anapita. Ife tili ndi mawu, miyala yosema tilibe. Munthu wofukula zakale atabwera kuno zaka 2,000 zikubwerazi, akapeza chiyani pa Likhubula? Mwina mapale a mbiya ndi mabotolo a alendo anga. Akhoza kulemba kuti anthu a kuno analibe chipembedzo cha m'phiri, pomwe chinalipo.

Chinanso, alendo ndimayenda nawo ena amabwera ndi nkhani yawo kale m'thumba. Akufuna ndiwauze za "mulungu wa phiri", ndipo ndikawauza zoona zake amaoneka okhumudwa. Pali anzathu ena omwe amangowonjezera mchere kuti mlendo asangalale, mawa lake nkhaniyo ili pa intaneti ngati mbiri ya Alhomwe ndi Amang'anja. Ndikamva aphunzitsi akunena za Agiriki olemba za chipembedzo cha eni ake, ndikuona anthu omwewo. Paja phiri lathu analilemba m'kaundula wa UNESCO mu 2025 chifukwa cha chikhalidwe chomwechi, ndiye nkhani zopeka zichuluka.

Nachisale_wa_ku_Bvumbwe

Gordion nayonso inalowa m'kaundula yemweyo mu 2023, achimwene, ndiye muli pa mzere umodzi.

Ine ndikuphunzira za zipembedzo ku koleji, ndipo ndikufuna kuyankha za ansembe odzifula zija chifukwa aphunzitsi azilumpha. Nkhaniyo si yabodza, koma ndi ya nthawi ina. Ansembewo ankatchedwa Galli, ndipo timawamva m'zolemba za Agiriki ndi Aroma kuyambira cha m'ma 200 BC kupita m'tsogolo. Pa nthawiyo malo otchuka a Mayiyu anali mzinda wa Pessinus. Mu 204 BC, Aroma ali pa nkhondo ndi Hannibal, mkulu wa asilikali a ku Carthage, anatumiza nthumwi kukatenga mwala wopatulika wa mulunguyu n'kupita nawo ku Rome. Livy, wolemba mbiri wa Chiroma, akuti unachokera ku Pessinus. Anamumangira kachisi pa phiri la Palatine yemwe anatsegulidwa mu 191 BC, namutcha Magna Mater, kutanthauza Mayi Wamkulu, ndipo mwezi wa Epulo uliwonse kunkakhala chikondwerero chake. Chodabwitsa n'chakuti Aroma omwewo analetsa nzika zawo kulowa unsembe umenewu. Mulungu anamufuna, ansembe ake ankawanyansa. Ndiye powerenga zomwe analemba za Galli, muzikumbukira kuti wolembayo wagwira mphuno.

Nthano ya Attis, mnyamata wokondedwa wa Cybele yemwe anadzifula pansi pa mtengo wa paini n'kufa, nayonso sipezeka pa zosema zakale za ku Phrygia. Ates linali dzina la anthu wamba ndi la akuluakulu, monga uja wa pa thanthwe la Midas, ndipo ku Pessinus linadzakhala dzina la udindo wa mkulu wa ansembe. Attis ngati mulungu akuyamba kuoneka ku Greece cha m'ma 300 BC.

Pomwe ndikusiyana nanu pang'ono, aphunzitsi, ndi pa mawu oti miyala ndi yomwe tili nayo basi ndipo za alendo tizikayikire. Miyala nayo imanamiza owerenga ake. Kwa zaka pafupifupi makumi asanu aliyense ankaphunzitsa kuti moto waukulu womwe unapsereza Gordion unayatsidwa ndi a Cimmerian, mtundu wa ankhondo oyendayenda, cha m'ma 700 BC, pa imfa ya Midas. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 anapima mbewu zopserera ndi njira ya radiocarbon, yodziwira zaka za zinthu zakale, n'kupeza kuti motowo unali wa cha m'ma 800 BC. Zaka 100 zathunthu. Ziwiya zonse za m'phulusalo zinasuntha nthawi, ndipo zina zomwe ankati a ku Phrygia anaonera kwa Agiriki zinapezeka kuti n'zakale kuposa za Agirikizo. Komanso amene anatsogolera ofukula pa deti lolakwika lija ndi olemba akale omwewo, ndiye mwina tikunena chimodzimodzi.

Chenjezo lina: mukasaka Cybele mupeza kafano ka dongo ka mayi wonenepa atakhala pakati pa nyama ziwiri zolusa, ka ku Çatalhöyük, mudzi wakalekale wa ku Turkey, komwe James Mellaart anakapeza mu 1961. Ambiri amalemba kuti ndi Cybele woyamba. Pakati pa kafanoko ndi Matar pali zaka zoposa 5,000, ndipo palibe unyolo wa umboni wolumikiza ziwirizi. Amene amafuna kuti dziko lonse lakale likhale ndi Mayi mmodzi wamkulu ndi omwe amakonda kuzimanga pamodzi.

Mkulu_wa_mpingo_Chitakale

Zikomo nonse atatu. Za kufananiza ndi Mulanje ndazisiya, achimwene aku Likhubula mwandimasula. Koma aphunzitsi, zonse mwafotokozazi ndi za zaka 700 Paulo asanabadwe. Mayi uja anafunsa za anthu omwe Paulo anakumana nawo pa msewu. Iwowo ndiye ankapita kukachisi uti?

Aphunzitsi_opuma_Luchenza

Mwandigwira pabwino, bambo. Mwana wanga Nachisale, za moto wa ku Gordion wanena zoona, ndipo sindikutsutsa.

M'masiku a Paulo ufumu wa Phrygia unali utatha kalekale. Anadutsapo a ku Lydia, Aperisi, Alexander (yemwe anafika ku Gordion mu 333 BC, komwe nthano imati anadula ndi lupanga mfundo yomwe inkakanika kumasuka), kenako Agalatiya, omwe anali anthu a mtundu wa Celt ochokera ku Ulaya, n'kumalizira Aroma. Phrygia linatsala dzina la dera, logawidwa pakati pa zigawo ziwiri za Aroma, Asia ndi Galatia. Gordion inali itasanduka kamudzi. M'matauni ankalankhula Chigiriki, koma kumidzi chinenero chakale chinali chikadalipo. Tikudziwa chifukwa cha miyala ya pamanda ya m'zaka za pakati pa 1 ndi 300 AD: mbiri ya womwalirayo ili m'Chigiriki, koma temberero la amene adzaononge mandawo lili m'Chifrijiya, cholembedwa ndi zilembo za Chigiriki. Potukwana wakuba ankabwerera ku chinenero cha amayi awo.

Milungu inali yambiri. Mayi Matar uja anali adakalipo, dera lililonse ndi dzina lake. Panali Zeus wa mayina a midzi yosiyanasiyana, yemwe alimi ankam'pempha za ng'ombe ndi zokolola. Panali Men, mulungu wa mwezi, yemwe amamujambula nyanga za mwezi zitatulukira pa mapewa. Kachisi wake wamkulu anali pa phiri loyang'anizana ndi Antioch wa ku Pisidia, mzinda womwewo Paulo analalikira m'sunagoge pa Machitidwe 13. Gulu la William Ramsay linafukula malowo nkhondo yoyamba ya dziko lonse isanayambe. Ramsay ndi yemwe uja analemba zambiri za maulendo a Paulo, ndipo abusa ophunzira zakale amamudziwa. Onjezanipo akachisi opembedzeramo mfumu ya Roma, ndi Ayuda ambiri omwe anakhazikika m'derali kuyambira cha m'ma 200 BC. Awa ndi omwe akutchulidwa pa 2:10 paja, obwera ku Yerusalemu pa Pentekoste.

Ngati mukufuna chitsanzo chimodzi choti anthu a pa mlaga akachikumbukire, tengani Hierapolis, womwe uli pa Akolose 4:13 pamodzi ndi Laodicea. Kumeneko kunali phanga lotchedwa Ploutonion, lomwe ankati ndi khomo la kumanda, lotulutsa mpweya wakupha. Strabo, wolemba wa Chigiriki yemwe anakhala ndi moyo mpaka m'masiku a Yesu, analemba kuti anaponyamo mpheta ndipo zinafa pompo, kuti ng'ombe zamphongo zolowetsedwamo zinkagwa, koma a Galli aja ankalowa n'kutuluka amoyo. Ofukula a ku Italy motsogozedwa ndi Francesco D'Andria analengeza mu 2013 kuti malowo awapeza. Mpweyawo ndi carbon dioxide wochokera pansi pa nthaka, ndipo mpaka lero umapha mbalame zoyandikira. Ndi wolemera kuposa mpweya wamba, umadikha pansi, tsono nyama yomwe mphuno yake ili m'munsi ndiyo imayamba kugwa, pomwe munthu woimirira, wodziwa pogwira mpweya, amapulumuka.

Mukadzafika pa mbiri ya mpingo, Phrygia idzabweranso. Cha m'ma 160 kapena 170 AD kunabuka Montanus ndi aneneri aakazi awiri, Priscilla ndi Maximilla, akunenera mogwidwa ndi mzimu ndi kunena kuti Yerusalemu watsopano adzatsikira pa mudzi wa Pepuza. Adani awo ankangowatcha "a ku Phrygia", ndipo pambuyo pake ena ananena kuti Montanus anali wansembe wa mafano asanatembenuke. Amene ananena zimenezo ndi omwe ankafuna kumugwetsa, ndiye muziyeze ndi muyeso womwe Nachisale wapereka pa za Galli. Imeneyo ikhale ya Lachitatu lina, mayi wa mvano uja akadzafunsanso.